Ndevu za a Eleuterio

A Eleuterio Mejía, kochi wa timu yathu ya bezibo, mpira womenya ndi ndodo uja, kuno ku Macorís, pakamwa ankangodyerapo basi. Kulankhula inali ntchito ya manja. Akagwira mphuno, wosewera aime pomwepo. Akakanda khutu, thamanga ngati waba nzimbe. Vuto lake, masewero akatha manja aja sankaweruka.

Amene anazionera ndi akazi awo, mayi Nereida. Chikwatiraneni, mawu oti "ndimakukonda" sanawamvepo, ndipo zinkawawawa.

"Bambo inu, nthochizi zakoma?"

Iwo kungogwira chipewa.

"Kodi ndinakwatiwa ndi munthu kapena wapolisi wa pamsewu?"

A Eleuterio atakalamba, a pa TV anawatenga kuti azithirira ndemanga pa masewero. Abale, munthu wosalankhula! Mnzawo akafunsa, "Akuluakulu, mwaziona bwanji lero?" iwo ankangoti, "Eya." Tsiku lina udzudzu unawaluma pakhutu, iwo n'kukanda. Ku bala ya Wilfrido, wosewera wawo wakale, madoda amene ankaonera, nawonso osewera akale, anadzambatuka onse, mabotolo phwaa! Wina anakazindikirira ali pamsewu.

Pulogalamu iliyonse ikamatha, a Eleuterio ankasisita ndevu, maso ali pa kamera. Mayi Nereida zinkawanyansa. "Dziko lonse likuonera, anthu aziti muli ndi nsabwe!"

A Eleuterio atamwalira, tsiku la maliro awo, wansembe akupemphera pachipata cha manda, anakanda khutu. Onyamula bokosi, osewera akale okhaokha, analiyatsa liwiro la mtondo wadooka, wansembe pambuyo mkanjo uli m'manja. Mayi Nereida anaseka mpaka misozi, kenako misoziyo inakana kuleka.

Pobwerera anamukokera pambali Wilfrido. "Mphuno ndikuidziwa, khutu ndalionera lero. Nanga ndevu zija ankakuuzani chiyani?"

"Ndevu? Mayi, chimenecho pa timu panalibe. Titawafunsa anati, 'Si chanu, mwini wake ali kunyumba.'"

Mayi aja anakumbukira tsiku loyamba kuonana, iwo ali pa benchi ya oonerera: mnyamata wopanda ndevu n'komwe, kusisita chibwano akuwayang'ana.

Masiku ano Macorís wazizira. Ukhoza kukanda khutu pakati pa msika, palibe amene angasunthe. Koma a pa TV akabwereza mapulogalamu akale aja, mayi Nereida amasendeza mpando pafupi, ndipo dzanja lija likafika pandevu amayankha mokweza:

"Ndamva, bambo. Inenso."