Mbuzi ya khutu long'ambika ndi nazale yanga ya fodya

Pali Mulungu kumwambaku, ndikanama liwu ngakhale limodzi mphezi inding'ambe pakati ngati chikuni!

Inali nthawi ya Chitaganya, ine ndili mkamwini watsopano kumapiri a pakati pa Dowa ndi Ntchisi, kwawo kwa mkazi wanga Nachisale. Mphamvu ndinali nazo, khasu likandiona linkanjenjemera. Anandipatsa kadimba kumtsinje, ndinafesa nazale ya fodya, mbande zake masamba ngati makutu a njovu, anthu ankachokera ku Nachisaka kudzangoonerera.

M'mawa wina ndikupeza mbuzi yachilendo, yakuda, khutu limodzi long'ambika, yamaliza theka la nazale, ikundiyang'ana uku ikutafuna. Ndinaithamangitsa mapiri asanu ndi awiri, osaigwira. Munthu wanzeru akanayamba wafunsa kunyumba kuti mbuziyi ndi ya yani. Koma ine? Ndinati fodya wanga ndi wa chitupa cha boma, mlandu wake si wa pansi pa mtengo, ndikupita kuboma.

Panjira anthu ankandiseka, amvekere, "Kumeneko dandaulo limamera imvi lisanamvedwe." Ndinafika, ndinapeza kalaliki wodekha, a Mbewe, ndinamenya tebulo.

"Bwana, ine za kudikira ayi. Mvula siyembekeza munthu."

"Tamva, bambo. Koma kuno sitiweruza tisanamve mbali inayo. Mwini mbuzi ndani?"

"Sindimudziwa, koma ndi mbava, mfiti yaulesi yolephera kumanga khola. Lembani choncho! Mukamufune, ndidzamutsuke pamaso panu, maso ndi maso."

Analembadi, osasiya liwu. Anatuma mesenjala panjinga kukafuna mwini mbuzi, ine n'kundiuza kuti ndibwere Lachinayi. Masiku atatu okha! Ndinazungulira mudzi wonse kudzitama kuti ndagwedeza boma. Nachisale anayesa: "Abambo, tamverani, mbuzi ijatu..." Ndinamudula: "Zaboma si za kumtondo."

Lachinayi ndinavala jekete langa laukwati, ndinakhala pampando mwendo pamwamba pa unzake. Mesenjala anaitana: "Mwini mbuzi alowe!"

Anthu inu! Kulowa apongozi anga, mayi ake a Nachisale. Kani mbuziyo anali atangoilandira kuchokera kwa alongo awo a ku Ntchisi.

Mwambo wathu mukuudziwa: mkamwini sayang'anana ndi apongozi aakazi, mukakumana panjira umalowa patchire. Nanga mu ofesi tchire ulipeza kuti? Ndinalowa pansi pa tebulo.

"Wodandaula ali kuti?" anatero a Mbewe.

"Ndili kuno, bwana."

"Tulukani. Munapempha maso ndi maso."

Ndinatuluka chambuyo, jekete kumutu, mphuno kukhoma. Ndiye a Mbewe, ndi mawu awo ozizira aja, akuti wosumiridwa ayenera kumva zonse zimene wanenedwa kuti ayankhe bwino. Anawerenga. Mbava. Mfiti yaulesi. Ine ndikudziwa kuti mkamwini wotukwana apongozi amangomuponyera bulangete lake panja, banja latha. Thukuta langa linayenderera, linatuluka pakhomo n'kukokolola njinga ya mesenjala.

Apongozi anayankha akuyang'ana pawindo, osakweza mawu. "Bwana, mbuzi ndi yanga. Dimbalo ndi langanso, ndinangowabwereka. Za khola, ndinatuma mwana wanga mwezi watha kuti auze amuna ake amange. Ndiye waulesi wolephera kumanga kholayo, afunseni amutchule dzina."

Uthengawo unandifikadi, kungoti ndinali wotanganidwa ndi kuyamikira mbande.

"Wodandaula, muli ndi mawu?"

Ndinauza khoma kuti, "Dandaulo ndachotsa, bwana."

"Asachotse," anatero apongozi. "Paja amakonda zachangu. Loweruka khola likhale litatha, apo ayi bulangete lawo likawapeza kwawo."

A Mbewe analembanso zimenezo, mapewa akugwedezeka.

Ndinamanga tsiku limodzi, khola lalikulu moti mbuziyo inkasochera m'katimo. Banja linapulumuka. Fodya wotsala mbuzi inamaliza ine ndili kutchire kudula mitengo ya kholalo. Kuyambira pamenepo sindisumira kanthu ka miyendo inayi ndisanafunse mkazi wanga kuti abale ake ndani.

Pali mnansi wanga, a Jere, amati thukuta silingakokolole njinga. Zamkutu! Iwo anayamba amvapo kalaliki akutchula apongozi awo mfiti m'malo mwawo, apongoziwo ali pomwepo?