Mfuu ya a Dairekita

Inu, tamverani za a Dairekita, aja opanga mafilimu oopsa. Akhala akugonetsa anthu nyali ili chiyakire kuyambira akali ndi tsitsi, ndipo amadzitama kuti iwo mantha sawadziwa. Pa ntchito ali ndi kankhanza kawo: sauza osewera pomwe mzukwa utulukire, ati kuti kukuwa kukhale kwenikweni.

Filimu yatsopano inangotsala ndi mfuu imodzi basi, koma mtsikana wosewera anali atawazolowera. Akamuponyera njoka yapulasitiki, iye n'kuyasamula.

"Lero zikakanika, bwana, mawa ine ndili ku ntchito ina," anatero mtsikanayo.

A Dairekita anakanyengerera alamu awo, achimwene a akazi awo, munthu wamtali ngati mtengo wamagetsi. Anawapaka ufa kumaso, kuwathira magazi opangidwa ndi shuga ndi utoto wofiira, n'kuwatsekera m'wodilopu.

"Ndikakhosomola, alamu, mutuluke."

Kamera inayamba, mtsikana analowa m'chipinda, a Dairekita anakhosomola. Zii. Anakhosomolanso mpaka wojambula anawabweretsera madzi. Zii ndithu!

Atapsa mtima anakatsegula okha wodilopuyo. Munalibe munthu, munali nyerere zokhazokha. Eti zitamva fungo la shuga zinawaunjirira alamu, iwo n'kutulukira kumbuyo, poti wodilopu ya m'filimu ilibe thabwa lakumbuyo.

Pomwepo dzanja lozizira, lomata, linawagwira a Dairekita m'khosi.

"Alamu, zikundiluma," anadandaula alamu aja.

Abale inu, mfuu imene inatuluka! Yaing'ono, yakuthwa, yosatha, mpaka agalu a mumsewu wonse anavomera. Munthu wosadziwa manthayo analumphira m'wodilopu n'kudzitsekera, osakumbuka kuti kumbuyo kuli pululu.

"Mfuuyi yalowa bwinobwino m'makina, bwana," anatero wojambula mawu, akupukuta misozi ya kuseka.

A Dairekita analumbiritsa aliyense kuti asaulule, mfuuyo n'kuiika pakamwa pa mtsikana. Tsiku loonetsa filimu, mfuu ija itamveka, anthu m'holo anagwirana ndi osawadziwa omwe. A Dairekita mtima unakhala pansi, anakonza tayi.

"Mwanayu ndinamuphunzitsa ndekha kukuwa chonchi," anauza oyandikana nawo.

Akazi awo, amene sanagwedezeke n'komwe, anawakodola ndi chigongono.

"Aja ndinu, eti bambo?"

"Ine? Mwayamba liti mwano?"

"Musadandaule, sindiuza munthu. Koma ya tsiku la mphemvu kubafa lija inaposa iyi."