Mnyamata amene ndinamuveka nsalu

Anzanga, sekani, koma musakanene kumgodi.

Rozina wanga atakwanitsa zaka zisanu ndi ziwiri, ndinafuna kuti ayambe sikola kumishoni. Ine zilembo ndinazidziwa ndili ndi ndevu kale, ku sikola ya madzulo ku Moatize, manja ali bii ndi malasha, ndipo sindinafune kuti mwana wanga achedwe choncho. Koma kwathu ku Zóbuè mwana ndi wa kuchikazi, mawu omaliza ndi a alamu anga a Fabiyano, ndipo iwo ankati mtsikana ku sikola akukataya nthawi.

Ndiye ndinagula livulu, buku la ana la zithunzi zokongola, kuti ndikawagonjetse nalo. Kodi ndinalitsegula m'sitolo? Ayi ndithu, ndinalitsegula ndili kale pa lole yopita kumudzi. Mayo ine! Tsamba loyamba mnyamata akupita ku sikola, mlongo wake akusesa. Lachiwiri mnyamata akulemba, mtsikana akutsuka mbale. Livulu langa lomwe linali mboni ya alamu!

Lole itaima panjira kuti injini izizire, ndinatulutsa lapizi, pensulo yanga, n'kuyamba kujambula m'livulumo. Mnyamata uja ndinamuveka nsalu mpaka m'mapazi, kumutu mpango, ndinamuika ngakhale ndolo. Masamba atatu ndinatha, lole n'kunyamuka, ine n'kumadziyamikira nzeru.

M'mawa mwake tinakhala pakhonde ndi alamu, apongozi chapatali pamphasa, mkazi wanga pambali, Rozina pamwendo panga.

"Taonani, alamu, ngakhale kwa azungu atsikana amaphunzira."

Anayang'anitsitsa. "Nanga mtsikana wa kabudula bwanji?"

Kabudula ankaonekera pansi pa nsalu! Ndinati ndi mmene amavalira kumeneko chifukwa cha kuzizira. Ndinafuna kutseka livulu, koma alamu anali atanyowetsa kale chala ndi malovu. Tsamba lachinayi: mwana yemweyo, nkhope yomweyo, ali pamwamba pa mtengo, nsalu palibe, mpango palibe, malaya wavula.

"Alamu, ndiye ku sikolako atsikana amawavula?" anandifunsa a Fabiyano.

Apongozi anadziphimba kumaso ndi nsalu, mapewa akugwedezeka. Mkazi wanga anathawira kuseri kwa nkhokwe. Ndipo Rozina, mwana amene ndinkamumenyera nkhondoyo, anakweza chala changa chakuda ndi lapizi kuti onse aone.

"Ababa, mwaiwala kumuveka uyu. Ndibwerekeni, ndimalize ndine."

Ndinalakalaka mgodi utanditsekera. Alamu anaseka mpaka kutsokomola, kenako anamuyang'ana mwanayo atagwira lapizi ngati mwiko, lilime kunja, akujambula nsalu yowongoka kuposa yanga.

"Apite," anatero. "Pakhomo pano pakufunika mmodzi wodziwa kulemba zoona, poti bambo wake bodza lomwe likuwakanika."

Rozina wayamba sikola. Ine ku Zóbuè dzina langa tsopano ndi Atelala, ngakhale apongozi amanditchula choncho. Ndalumbira: livulu ndizilitsegula mpaka tsamba lomaliza ndisanatuluke m'sitolo, ndipo mwana wa papepala, avale asavale, sindidzamuvekanso.