Masamba pamsewu wa ku Lifuwu

Lolemba
Tafika ku Lifuwu! Sewero langa latsopano ndi la mwamuna wonamizira kufa kuti aone ngati mkazi wake angamulire. A pa TV akuti ndikapanda kupereka gawo loyamba sabata yamawa, nthawi yanga ya Loweruka madzulo aipatsa wina. Maloto amenewo. Ndili ndi:
kamera imodzi
Jafali woigwira
Bonifasi, mtembo wanga
bokosi la matabwa otsala
Mtima ukungovina.

Lachiwiri
Bonifasi amafa bwino kwabasi. Ndaseka mpaka nthiti kuwawa. Koma pamalopo sipakuoneka ngati pamaliro. Mawa tiika masamba pamsewu. Mutu uwu ndi wagolide!

Lachitatu
Masamba agwira ntchito! Akabaza akutsika panjinga, minibasi zikudutsa pang'onopang'ono. Anthu asiya mpunga kusikimu. Amayi akubwera ndi ufa ndi nkhuni pamutu, akulira kuyambira kumsewu. Khamu lonseli osaliitana n'komwe! Jambula, Jafali, jambula.

Lachinayi
Sakuchoka. Ndikati ndi sewero, akundigwira paphewa: "Limbani mtima, achimwene." Mkulu wina wachisilamu wandikokera pambali: "Inna lillahi. Koma mpaka lero osaika?" Kwafika kwaya ya ku Khombedza. Bonifasi akuopa kudzuka, tikumupatsira mandasi kunsi kwa nsalu.

Lachisanu
Anyamata akumba kale manda. Mayi ake a Bonifasi atsika palole kuchokera ku Chitala, akugubuduka pansi. Bonifasi wamva mawu awo, wadzuka: "Amayi, musalire." Kwaya yonse yathawira m'madzi a mpunga. Mayiwo sanathawe. Amuwomba khofi mwana wawo, kenako andiwomba ine.

Loweruka
Tsaya latupa koma ndikuimba. Zadzulozi sindikanazilemba ngakhale nditasala kudya. Ndauza Jafali kuti tionere zimene wajambula. Akungoyang'ana zala zakumapazi. "Bwana, kamera ndinaizimitsa Lachitatu lomwe lija. Pamaliro sajambula." Ndati umadziwa kuti ndi sewero. "Ndimadziwa, koma anthu amandiyang'ana."

Lamulungu
Akuluakulu akuti dzenje silingakwiriridwe lopanda kanthu, ndiye tikuikamo thunthu la nthochi. Ndaimbira a pa TV, angoti zikomo poyesa. Bonifasi wapita ndi mayi ake, amuletsa zamasewero. Kwaya yabweranso, ikuimba bwino zedi. Pamanda ponse wolira ndine ndekha, ndipo misoziyi ndi yeniyeni.