Ngamila ya a Bonifasi

Kuyambira kwa Malomo mpaka kutsetserekera ku Madisi, panalibe wosadziwa lamulo la malemu a Bonifasi Nkhoma: tsamba la buku silitembenuzidwa mpaka chojambulidwacho chitafika pakhomo chamoyo.

Bukulo linali limodzi lokha, la zithunzi za nyama. Linapulumuka pamene mvula inagwetsa denga la sukulu ya mkombaphala ya patchalitchi. A Bonifasi, mlamu wanga ameneyo, anatola bukulo, anatolanso ndi ana omwe, nkukawakhazika pansi pa msuku kuseri kwa nyumba. Mlongo wanga Susana sanafunsidwe. Anangodzuka tsiku lina nkupeza mamina a mudzi wonse ali pabwalo pake.

"Ichi nchiyani, ananu?" anafunsa a Bonifasi atakweza buku.

"Chuleee!"

"Wapapepala salira. Kamtengeni weniweni."

Ana aja liwiro la kudambo. Madzulo ake Susana akuti atunge madzi mumtsuko, chikho chinatuluka ndi maso awiri.

"Bambo, ichi nchiyani?"

"Tsamba loyamba, mayi. Musalimwe."

Tsamba la bilimankhwe ndilo linadziwitsa mlongo wanga ku mpingo wonse. Ana anamubweretsa pakamtengo, a Bonifasi nkumusungira mubasiketi momwe munali yunifolomu ya Mvano. Lachinayi, mapemphero ali mkati, mlendoyo anatulukira pamwamba pa duku. Amayi onse anamaliza vesi yachiwiri ali m'munda wa fodya wa eni ake. Bilimankhweyo akuti anayesetsa kusanduka woyera ngati bulauzi mpaka anakomoka.

Pofika tsamba la njoka, makolo anabwera ndi nkhope zamaliro, ndipo anamvana zoti khungu lofundula likwanira. Koma pa fulu a Bonifasi sanagonje. Ana atamupeza m'phiri, anawaletsa kumunyamula.

"Wamkulu sanyamulidwa. Muperekezeni."

Anamuperekezadi, akumuimbira, akumuthyolera bowa. Ananyamuka m'phirimo chimanga chikumera, anafika pakhomo anthu akukolola. Ana amene aja ankadziwa dzenje lililonse la nkhululu, mtengo uliwonse wa maye, koma chilembo cha A ankachitcha denga la chigafa cha fodya.

Kenako linabwera tsamba la ngamila.

Ngamila ku Ntchisi! Ana anafunsa kwa abusa, abusa anati ili m'Baibulo. Anakakoka nkhunzi ya a Vinsenti, ya linunda lija.

"Khosi lachepa," anatero a Bonifasi.

Anamangirira dzungu pamsana pa mbuzi.

"Ngamila sinena kuti mee."

Dzinja linapita, linabwera lina, buku lili chitsegukire pomwepo. M'mawa uliwonse ana ankakhamukira pansi pa msuku, nkubalalika m'tchire kukasaka ngamila, nkubwerako ndi ziwala, nthenga ndi zilonda za m'mawondo.

Susana yekha ndiye ankadziwa. Tsiku lina amuna ake ali ku mtedza, anasuzumira kuseri kwa ngamila ija. Kunalibe kanthu. Chikuto cha katoni basi.

"Bambo, bukutu linatha," anawauza atabwerako.

A Bonifasi anacheuka kaye ngati wakuba nkhuku. "Tsitsani mawu, mayi."

"Mukuwanamiza ana a eni ake."

"Nanga likatha, adzabweranso kudzatani pano?"

Susana anayang'ana kubwalo. Ana awo awiri anamwalira nkugona kumsitu kalekale, asanafike ndi msinkhu wothamangitsa chiwala. Bwalo lija linakhala zaka likuseseka mosavuta, ndipo onse awiri ankakumbukira bwino kuyera kwake.

Chaka chatha, nthawi ya mwamvu, a Bonifasi anayamba kutsokomola. Ankaphunzitsa atagona pamphasa, buku lili pachifuwa. Tsiku lokwera njinga yamoto kupita ku chipatala, ana anazungulira njingayo.

"Agogo, mukupita kuti?"

"Ndamva kuti ku Madisi kwaoneka ngamila. Ndikukaitenga. Musakhudze tsamba!"

Anabwerako atakutidwa nsalu.

Pamaliro ana sanaloledwe kuyandikira. Koma titangosesa, m'mawa mwake, Susana anamva timapazi kuseri kwa nyumba. Onse anali atakhala m'malo mwawo pansi pa msuku, manja pamawondo. Kamtsikana kena, Lines, kopanda mano akutsogolo, kanakweza dzanja.

"Agogo aakazi, nanga anaipeza?"

Mlongo wanga analowa m'nyumba, nakhalitsa. Bodza linali lokonzakonza, longofunika kulipitiriza. Akanangonena kuti pitirizani kusaka ngamila, bwalo likanakhala laphokoso mpaka iye kutsatira amuna ake. Anatuluka ndi buku lija, anagwada pakati pawo, ananyowetsa chala ndi malovu, natembenuza tsamba.

Ana anaunjikana mitu. Anayang'ana katoni ija nthawi yaitali.

"Ndiye kenako?" anafunsa Lines.

"Kenako palibe, mwanangu. Mpomwe zathera."

Palibe analira. Anadzuka mmodzimmodzi, akusasa fumbi kumatako, nkumapita osathamanga.

Tsopano denga la sukulu linakonzedwa. Kuli mabuku odzadza katoni, ndipo aphunzitsi amatembenuza masamba msangamsanga ngati akukupiza moto. Achule a kudambo anenepa, akuyenda ngati mabwana, palibe wowavuta. Masuku amagwa okha kuseri kwa Susana nkuwolera pomwepo. Ukadutsa masana umamva nkhunda zokha, ndipo ngakhale ine amene ndinkawaseka mlamu wanga pamowa uliwonse, ndimafulumiza miyendo.

Koma popita kusukuluko ana ena amakhotera pakhomopo. Amangosiya kanthu pakhonde nkuthawa: nthenga ya nkhanga, chigoba cha nkhono, mwala wamizeremizere, chisa chakugwa ndi mphepo. Zaunjikana mpaka munthu kusowa popondera.

Mlungu wathawu ndinakamuona mlongo wanga. Ndinalumpha muluwo, pang'ono ndithyoke mwendo.

"Iwe Susana, tsache linakwatiwa kodi? Sesa zinyalalazi."

Anagwira dzanja langa ndisanafike pomwe panali tsachelo.

"Zisiyeni, achimwene," anatero. "Eni ake sanazione."