Moni wa ku France pa Asembule

Nkhani iyi ndimaikamba nkhope ili pansi, koma imvani, mundiseke kamodzi n'kamodzi zithe.

Ndili Folomu 3, malume anga ogwira ntchito pakoleji ku Domasi anagula dishi ya TV. Ine ndinakakamira tchanelo china cha achinyamata a ku France. Anyamata ake sikafu m'khosi, manja m'thumba, ndipo akakumana ndi mtsikana sapereka dzanja ayi. Amapsompsona tsaya ili, kenako linalo. Ndinalumbira kuti Mfalansa woyamba kwathu kwa Malemia ndikhala ine. Sikafu ndinkavala ngakhale mu Okutobala, thukuta lili kamukamu.

Tsiku lina ahedi analengeza kuti kubwera ana asukulu ochokera ku France komweko, ndipo ine, monga tcheya wa French Club, ndidzawalandire pa asembule. Mtima unachita kuvina!

Mnzanga Yusufu anandikokera pambali.

"Aise, udzangowapatsa dzanja basi."

"Iwe za kunja umazidziwa? Ine ndine international!"

Sabata yonse ndinkachita pulakatisi pa papaya kuseri kwa nyumba.

Tsikulo linafika, bwalo litadzaza ana, aphunzitsi ndi makolo. Patsogolo pa alendo panali mtsikana wina dzina lake Camille, atavala chitenje. Kumbuyo kwake kunaima Che Mussa, wapampando wa komiti ya makolo, ogulitsa mpunga pa Songani, ndevu zofika pachifuwa.

Zomwe sindinkadziwa n'zakuti Che Mussa anali atawaphunzitsa alendowo ulemu wa kuno. Ine ndikupita ndi sipidi, milomo patsogolo, maso nditatsinzina ngati pa TV, Camille anagwada pansi. Che Mussa anawerama kuti amunong'oneze mawu a moni. Ine mwa!

Ndinamva zoyabwa pakamwa. Kutsegula maso, ndevu!

Munthu wanzeru akanathawira m'chimanga. Koma ine ndinaganiza kuti ndikasiyira panjira, aliyense adziwa kuti ndaphonya. Ku France ndi masaya awiri, ndipo ntchito ukaiyamba umaimaliza. Ndinawagwira bambowo m'mapewa, tsaya linalo, mwa!

"Bonjour!" ndinakuwa.

Phokoso lake! Ana a Folomu 1 ankagubuduka m'fumbi, ahedi atagwira kumutu. Camille anali adakali chigwadire, akubwereza yekhayekha, "Muli bwanji? Muli bwanji?"

Che Mussa anatulutsa kampango, n'kupukuta ndevu pang'onopang'ono, mbali iyi ndi inayo. Anadikira kuti anthu atonthole.

"Mwanangu," anatero, "amayi kunyumbaku, zaka zonsezi tili limodzi, sanandichitepo zoterezi pagulu. Iwe ndiye waonetsa kuti uli siriyasi. Tangondiuza, ankhoswe ako abwera liti?"

Gule wa eni ake, abale, kumayamba wafunsa kuti amavina ndi ndani.