Apudeti ya Kagemu ka Mayi Nyirenda

Lachitatu masana, pansi pa mtengo wa nimu kuseri kwa msika wa Mangochi, amuna atatu anakhala upo wophwanya lamulo lachisanu ndi chitatu. Awiri ankamwa masese. Wachitatu, Simioni, ankamwa thobwa, pakuti iye anali munthu wolapa.

Kulapa kwakeko kunali ndi miyezi isanu ndi umodzi. Mpingo unamudula atapezeka ndi mabenchi awiri a tchalitchi pakhonde pake, ndipo kuyambira pamenepo Loweruka lililonse ankapita ku kalasi ya obwerera mumpingo, yomwe inkachitikira kunyumba kwa Mayi Nyirenda, mphunzitsi wa sekondale wochokera ku Rumphi, amenenso anali mkulu wa mpingo. Lamulungu likubweralo linali tsiku lake loimirira kutsogolo, kulandiridwanso, n'kubwerera m'kwaya momwe mawu ake ankanjenjemeretsa malata. N'chifukwa chake anzake ankamutcha Besi. Mkazi wake Benedicta anali atasita kale malaya oyera n'kuwapachika pamsomali.

Koma lilime ndi kachiwalo kakang'ono kotentha nkhalango yaikulu.

"Inu, mayi aja ali ndi kagemu," anatero Simioni, pongofuna kukometsa macheza. "Kamakina kogwira m'manja, mabatani uku ndi uku. Anawatumizira mwana wawo wa ku Joni. Tikamaliza kalasi amakatenga n'kumalima tomato momwemo, kukama ng'ombe momwemo."

Kingstone anatsitsa chikho pang'onopang'ono. Ameneyu ankatchedwa Injiniya chifukwa anasesapo milungu iwiri pa okala yokonza mafoni, mpaka tsiku lomwe mafoni anayamba kuchepa.

"Aise Besi, ukudziwa kuti ukunena za mtengo wa galimoto yaing'ono? Zena wa kwa Mponda akhoza kugula lero lomwe. Amakasiya pati?"

"Pakabati. Koma ine za zimenezo ndinasiya, amwene."

"Kiyi?"

"Pansi pa mtondo, kukhonde. Koma ndati ndinasiya."

Rabson, chimunthu chomwe ankachitcha Ngwena chifukwa chogona kukamwa kuli yasa, anafunsa funso lake la masiku onse: "M'nyumbamo mumakhala zakudya?"

"Tamverani pulani ya madolo," anatero Injiniya. "Mawa ndi Lachinayi. Amayi a Mvano amalowa wani koloko, kutuluka faifi. Nyumba imatsala yokha ngati manda. Ine ndilowa, Ngwena ayang'ana msewu. Iwe Besi sukhudza kanthu, ungoloza. Kodi kuloza n'kuba?"

Simioni anafufuza m'mutu mwake malamulo onse khumi ndipo sanapezemo loletsa kuloza. Satana akafuna munthu sabwera ndi nyanga, amabwera ndi funso.

Lachinayi zonse zinayenda bwino moti zinkachititsa mantha. Mayi Nyirenda anatuluka atavala bulauzi yoyera ndi mpango woyera, Baibulo m'khwapa. Simioni analoza mtondo ndi mlomo, kuti chala chisachimwe. Pasanathe mphindi zitatu Injiniya anatuluka kagemu kali m'malaya, nabweza kiyi pamalo pake.

"Dilu yatheka! Ine ndine wina, amangwetu!"

Kwa Mponda anapeza Zena atakhala m'kashopu kake ka mafoni, akudzikupiza ndi katoni.

"Katundu wa ku Joni uyu, achemwali," anatero Injiniya. "Wangotsika dzulo."

Zena anakayatsa, nadina gemu yoyamba. Inakana. Yachiwiri inakananso.

"Achimwene, kanthu kanuka kakufuna apudeti. Magemu onse asanu ndi awiri. Popanda apudeti ndi mbale yodulirapo anyezi."

"Ndiye ikani apudetiyo."

"Ndi bandulo ya ndani? Wallahi, apa pakufunika magigabaiti makumi awiri. Kapezeni waifai, mukakamalizitse, mubwere nako kakusewera. Koma ndikuuzeni: ikayamba isaduke. Ikadukira panjira imayambiranso pa ziro." Anasuzumiranso pagalasipo. "Waifai yomwe kakuidziwa ndi imodzi, dzina lake Nyirenda. Ku Joni kulinso a Nyirenda?"

"Ambiri zedi," anatero Injiniya. "Mzinda wonse."

Atatuluka panja, nkhope ya Injiniya inawala ngati ya munthu amene waona masomphenya.

"Mwamva? Kakuidziwa kale waifai ya mayi aja. Sikafuna pasiwedi. Tikangokhala kuseri kwa mpanda, kadzikokera kokha."

"Tibwerere komwe taba?" anafunsa Simioni.

"Ndi pomwe pali nzeru pamenepo. Wapolisi uti angakafune mbava pamalo pomwe yaba kale?"

Ngwena anagwedeza mutu posilira. Simioni anayang'ana dzuwa, naona kuti thu koloko inali isanakwane, ndipo anawatsatira ngati nkhosa yopita kokametedwa.

Kuseri kwa mpanda wa Mayi Nyirenda kunalibe mthunzi ngakhale wa udzu umodzi. Linali dzuwa la Okutobala la ku Mangochi, lija limaotcha mazira m'mimba mwa nkhuku. Kagemu kanagwira waifai ndi kamzere kamodzi, n'kulemba kuti kamaliza pakatha maola khumi ndi anayi.

"Tisendere," anatero Injiniya.

Analumpha mpanda n'kukhala pansi pa mpapaya. Timizere tiwiri, maola asanu ndi limodzi. Anasendera pakhonde. Timizere titatu, maola atatu. Injiniya anakwera pamtondo n'kukanikiza kagemu pawindo, mikono ili m'mwamba ngati mneneri wopempherera nkhondo, ndipo itatopa, Ngwena ndi Simioni anaichirikiza wina uku wina uku.

Pa peresenti makumi atatu ndi imodzi, kachizindikiro ka batire kanafiira.

"Tchaja ili kuti?" anafunsa Ngwena.

Tchajayo Injiniya anali ataisiya pakabati, poganiza kuti ndi ya wailesi.

"Tiyeni tingokasiya pakhomo tizipita," anachonderera Simioni. "Mulungu watipatsa mpata."

"Pa sate wani? Tiyambirenso pa ziro? Besi, usandiyese. Tilowa, titchaja, timaliza, tituluka. Komanso m'katimo waifai ndi yodzaza."

"Ine ndinati sindilowa."

"Ndiye tsala panja anthu odutsa akuone."

Simioni analowa.

M'nyumbamo munali mozizira bwino. Injiniya analumikiza tchaja pasoketi ya kuseri kwa sofa, nayatsa fani, nakhala mwendo pamwamba pa unzake. Kagemu kanalemba ola limodzi ndi theka. Ngwena ananunkhiza mpweya, nalunjika kukhitchini, n'kubwerako atanyamula beseni lovundikira ndi nsalu yoyera.

"Mana, abale! Mandasi! Ndipo kuli ndowa yathunthu ya thobwa."

Munthu wanzeru akanafunsa chifukwa chomwe mayi wokhala yekha angakazingire mandasi odzaza beseni. Koma nzeru inali itatsala panja pamodzi ndi nsapato za Ngwena. Simioni anakana mandasi awiri oyamba, wachitatu anamupempherera.

Pa fifite, Injiniya anayamba kufotokoza za shopu yomwe adzatsegule ku Makokola. Pa sevente, Ngwena anamasula lamba. Pa eyite faifi, anagona kukamwa kuli yasa. Simioni anakhala pampando womwe ankakhalapo Loweruka lililonse, maso ake akuthawa kalendala ya mpingo yomwe inali pakhoma. Mumtima ankangoti: masiku atatu okha, Ambuye, ndidutsitseni apa, sindidzalozanso.

Pa nainte foro anamva nyimbo.

Inkachokera kumsewu, mawu a amayi ambiri, ndipo inkayandikira. Apo m'pamene Simioni anakumbukira zolengeza za Lamulungu lapitalo, zomwe anazimva ali pakati pa tulo: Lachinayi amayi a Mvano akatuluka msanga, akathere kunyumba kwa Mayi Nyirenda kukathokoza Mulungu pa kukwezedwa kwawo pantchito.

"Akubwera kuno! Mandasi aja ndi awo! Tithawe!"

"Pa nainte foro?" anatero Injiniya. "Wapenga? Mphindi zisanu zokha."

"Mkazi wanga ali momwemo!"

Simioni anathamangira kukhomo la kuseri, napeza loko wamkulu ngati chibakera. Mawindo onse anali ndi zitsulo. Geti linalira.

Injiniya anagwera kuseri kwa sofa, chifukwa chingwe cha tchaja chinali chachifupi ndipo sakanalola kuchizula. Ngwena anakwawira pansi pa tebulo lodyera, nsalu ya patebulo n'kumuphimba, beseni ali nalo. Simioni anaima kuseri kwa katani ya khomo lopita kuzipinda, atagwira mpweya.

"Taonani ukalamba," anamveka Mayi Nyirenda pakhomo. "Kiyi ndamusiya pachitseko, fani ndasiya ikuzungulira. Lowani, amayi, lowani."

Analowa amayi makumi atatu, oyera mbee ngati gulu la akakowa. Ena anakhala pamipando, ena pamkeka. Amayi atatu amene Mulungu anawadalitsa ndi matupi anakhala pasofa nthawi imodzi, sofa n'kubwerera m'mbuyo mpaka kukhoma. Kuseriko kunamveka kamawu ngati ka mpira wobooka, koma aliyense anayesa ndi masipuling'i.

"Tisanalandire kalikonse," anatero amayi apampando, "tiimbe imodzi."

Mwa nyimbo zonse za m'buku, anasankha ija Simioni ankaikonda kuposa chakudya, ija amayi amati akaponya mzere, abambo amayankha pansi. Tsono pano abambo panalibe. Amayi ankaponya mzere wawo, pamalo pa abambo n'kutsala dzenje.

Ndime yoyamba Simioni analuma mlomo. Dzenje lija linamupweteka ngati dzino. Ndime yachiwiri analuma katani. Miyezi isanu ndi umodzi anali asanaimbe pagulu, ndipo besi inali itadzaza m'chifuwa mwake ngati madzi a Shire m'nyengo ya dzinja. Pa ndime yachitatu amayi anakweza mawu mokoma, nasiya dzenje lija lotseguka, ndipo Simioni anangomva chifuwa chake chikuyankha chokha.

Inatuluka besi yeniyeni, yonona, moti makapu a m'kabati analira.

Amayi anapitiriza mawu awiri atatu, kenaka nyimbo inafa. Ena anayang'ana kudenga.

"Mngelo," ananong'ona mayi wina wachikulire.

"Mngelo ameneyo ndimamuchapira ine," anatero Benedicta. Anaimirira, nadutsa pakati pa anzake, nakoka katani.

Simioni anali chiimire, maso otseka, dzanja lili pachifuwa, shuga wa mandasi ali pandevu.

"Abambo a Rachael, mukutani muno?"

"Ndinabwera... kudzaloza."

Nthawi yomweyo kuseri kwa sofa kunalira kabelu kosangalala, kenaka tambala, kenaka ng'ombe inalira mokweza kuti mooo. Apudeti inali itakwana handiredi, ndipo munda wa Mayi Nyirenda unali utatseguka. Amayi atatu aja anadzuka ndi mfuu, sofa inasendera, Injiniya n'kugwa chammbali ataphwatalala ngati chambo chowamba, kagemu ali nako m'manja.

"Yatheka," anatero ndi mawu otsalira.

Mayi wina pothawa anaponda chala chomwe chinatulukira pansi pa tebulo, ndipo Ngwena anadzuka ndi tebulo lonse kumsana ngati kamba. M'beseni munali mutatsala mandasi anayi.

Za kagemu amayi akanatha kukhululuka. Za mandasi ayi. Anavula zitenje za pamwamba n'kumanga Injiniya ndi Ngwena manja ndi miyendo, mfundo zake zija amamangira mitolo ya nkhuni.

Mayi Nyirenda anatola kagemu kawo, navala magalasi, nadinadina.

"Magemu onse asanu ndi awiri," anatero modabwa. "Miyezi itatu ndakhala ndikulephera apudeti imeneyi. Ndikati ndiyambe, magetsi azima. Ndikati ndiyambe, belu la kusukulu. Bambo inu, mwagwira ntchito. Mukafotokoze bwino kupolisi kuti luso muli nalo."

Awiriwo anawamasula miyendo yokha, ndipo amayi makumi awiri anawaperekeza kupolisi masana dzuwa likuswa mtengo, akuimba njira yonse. Anthu a pamsika ankayesa ndi ukwati.

Simioni anatsala, atagwada pasimenti, Benedicta ataima pambali pake manja ali m'chiuno. Akanasankha yekha, akanapita kupolisi.

"A Simioni," anatero Mayi Nyirenda mofatsa, "kalasi yanu ija inatsala masiku angati?"

"Atatu, mayi."

"Atatu. Ndiye kuti munali pa nainte naini." Anapukuta galasi la kagemu ndi nsonga ya mpango. "Poti mwakhala nako masana onse kanthuka, tandiuzani. Ikadukira panjira imatani?"

Simioni anayankha: "Imayambiranso pa ziro, mayi."

"Nkhani yanu ndikaitula kwa akulu a mpingo, ndipo ndikapempha kuti akupatseninso mpata, pakuti Mwini wake satopa kuyambiranso ndi munthu. Loweruka, eyiti koloko. Kiyi sadzakhalanso pansi pa mtondo, mudzagogode."

Atafika kunyumba, Benedicta sanakalipe, ndipo zimenezo zinamuopsa Simioni kuposa kukalipa. Anangochotsa malaya oyera aja pamsomali, nawapinda bwinobwino, nawaika pansi penipeni pa sutikesi, n'kuponyamo timibulu tiwiri tothamangitsa njenjete.

Lamulungu kwaya inaimba popanda besi. Simioni anakhala kumbuyo kwenikweni, pa limodzi la mabenchi awiri omwe ankawadziwa bwino kulemera kwake. Amayi ataponya mzere wawo n'kusiya dzenje lija, Benedicta anatembenuka kuchokera kumbali ya amayi, namuyang'ana kamodzi kokha. Simioni anatenga mpango wa m'thumba n'kuuluma.